Amalume sanaseke

Magetsi atathima ndinati ndiwasangalatse amalume ndi kafilimu kamene ndinasunga mufoni: One Week, ka katswiri wa nthabwala wa ku America, Buster Keaton, ka 1920. Mulibe mawu, ndipo n'kamphindi ngati 20 basi. Anthu ongokwatirana kumene alandira mphatso ya nyumba yamatabwa ili m'mabokosi, yoti alumikize okha potsata manambala. Mnyamata amene anakanidwa ndi mkwatibwiyo akusintha manambalawo mwakabisira. Nyumba ikutuluka yokhota, denga loperewera, chitseko cham'mwamba chotsegukira panja popanda masitepe.

Ine misozi mbwee ndi phwete. Amalume duu.

"Tabweza pamenepo."

Ndinabweza. Ndi paja khoma likumugwera Keaton, yemwe ndi mkwatiyo, iye n'kutsala chiimire pomwe pali zenera.

"Mphwanga, amene anayeza zenerali ndi kalipentala weniweni. Akanaphonya pang'ono bwenzi kuli maliro."

"Koma amalume, n'zoseketsa izi, tasekaniko."

"Ndiseke chiyani? Kumanga dala nyumba yokhota, n'kuima osagwa, n'kovuta kuposa yowongoka. Unagwirapo levulo iwe?"

Zinandibaya. Ine ndimadana n'zoti ndikamuonetsa munthu chinthu chimene ndimachikonda, iye azichiona mwina. Ngakhale nyimbo ndimatero, mpaka ndimakwiya ndekha ngati ndinapeka ndine. Ndiye ndinayamba kuwathira zonse zimene ndikudziwa, mwina pofuna kubwezera. Kuti nyumbayo anaimanga pa chinthu chozungulira, n'chifukwa chake mphepo itabwera ikuzungulira n'kumawataya alendo panja. Kuti makamera a nthawiyo ankapukusa ndi dzanja, ndipo wojambula akapukusa pang'onopang'ono, anthu ankaoneka othamanga modabwitsa poonetsa. Kuti mu 1928 Keaton anabwerezanso za khomazi ndi khoma lonse la kumaso kwa nyumba, lolemera zedi, ataimapo yekha mwiniwake.

Iwo anangofunsa kuti, "Mayi ake anali moyo akuchita zimenezi?"

Kumapeto, akuisamutsa, nyumba yakanirira pa njanji. Sitima ikubwera, n'kudutsa pa njanji ina yapambali, onse mtima pansi. Kenako ina yochokera mbali inayo, phwaa! Apa ndinawayang'ana, ndili ndi chikhulupiriro chonse. Anapukusa mutu. "Matabwa onsewo."

Sindikudziwa ngati kanawasangalatsa. Koma pokagona anati mawa ndiwaonetse kena. Ndili ndi ka anthabwala ena awiri, Laurel ndi Hardy, ka 1929, komwe akugulitsa mitengo ya Khirisimasi, akangana ndi mwini nyumba, iwo n'kuyamba kumuswera mazenera ndi chitseko, iye akuwaphwasulira galimoto. Kwa kalipentala ngati amalume, kaya ndiyambe ndafufuza kena...