Maphatikizo 17 okumbukira amayi

Amayi atamwalira ndinawalembera ndakatulo yamasamba atatu. Munali misozi, munali "mtima wanga wasweka" kanayi konse, koma amayiwo munalibe. Ndinaipinda n'kuiika m'Baibulo.

Chaka chatha mnzanga wina anandiuza za haiku, ndakatulo ya ku Japan ya mizere itatu: maphatikizo 5, kenako 7, kenako 5. Ndinakana. Mawu athu ndi aatali. "Ndakukumbuka" yekha wadya mzere wonse woyamba. Komabe ndinayesa, m'mawa wina wa mu June chiperoni chitatsika. Ndinkawerenga ndi zala, kufufuta, kuwerenganso, mpaka tiyi anazizira m'kapu. Pamapeto pake panatsala izi:

Nkhungu pa phiri
yameza Mulunguzi.
Mayi kulibe.

Amayi ankagulitsa mabulosi mumsewu wokwera ku Ku Chawe, paphiri la Zomba pamene pali damu la Mulunguzi, ndipo kukachita nkhungu ankatsika msanga, chitenje chili chonyowa. Malo olirira munalibe m'mizere itatuyo, ndiye ndinangolemba zimene maso ankaona. Mchemwali wanga ataiwerenga anatuluka panja, sananene kanthu.

Zoti lamulo limatha kumasula ndazioneranso m'mafilimu, kwa mphwanga, mwana wa mchemwali wanga, amene amajambula ndi foni mumsika wa Zomba. Ndinamufotokozera za Dogme 95, malamulo amene opanga mafilimu Lars von Trier ndi Thomas Vinterberg anadziikira ku Denmark mu 1995: kamera igwiridwe pamanja, osabweretsa magetsi owalitsira, osaikamo nyimbo imene sinkamveka pamalopo. Iye anaseka. "Amalume, amenewo si malamulo, n'kusowa zipangizo basi." Sanalakwitse. Koma lamulo la nyimbo ankaliphwanya nthawi zonse, chifukwa kanema wake aliyense ankamuthira nyimbo yachisoni. Ndinamupempha aichotse kamodzi kokha. Tinamva mayi wina akukupiza mbaula ndi katoni, mwana akutsokomola kumsana, wogula akunenerera mtengo wa matemba a ku Chilwa.

Sindikunena kuti lamulo lililonse limamasula, ayi. Ife a ku Zomba tikudziwa bwino. Buku la ndakatulo la Jack Mapanje, Of Chameleons and Gods, linatuluka mu 1981. Mu 1987 mwiniwake anamutsekera kundende ya Mikuyu popanda kumuzenga mlandu, mpaka 1991. Lamulo limenelo sanadzisankhire, ndipo sindingaliike m'gulu limodzi ndi kuwerenga maphatikizo pa zala.

Loweruka likubwerali ine ndi mphwanga tikwera kuphiri kukajambula amayi amene akugulitsa mabulosi pamalo pomwe amayi anga ankakhala. Tagwirizana kuti tipita m'mamawa, nkhungu isanachoke.