Msana wanga ndi mpunga wa apongozi

Ine ndine mkamwini ku Lifuwu, kuno ku Salima, komwe Januwale akafika aliyense amalowa kusikimu kukawokera mpunga. Amene sanawokerepo asanditsutse: umawerama m'matope kuyambira mbandakucha, mbande imodziimodzi, misundu ikukuyamwa m'miyendo. Tsiku lachitatu ndinagwira m'chiuno n'kubuula kuti, "Mayo ine, msana!"

Zinayenda bwino zedi. Anzanga kumatope, ine pamphasa patsinde pa mango, wailesi pambali. Mayi akunyumba ankandiphikira phala lamgaiwa lothira nsinjiro, apongozi n'kumatumiza kambale ka usipa. Anyakwawa nawo anandichotsa pagulu lotuta mchenga wa chitukuko. Masana ndinkazembera kubawo, ndikuyenda cham'mbali ngati nkhanu mpaka nditapitirira pamjigo.

Ndinaiwala chinthu chimodzi: mwamuna akadandaula msana, anthu amamva ziwiri. Amayi apamjigo anasankha yachiwiriyo. Sabata isanathe, mudzi wonse unali utamva kuti mkamwini uja anagwa m'papaya. Kubawo anayamba kundilola kuwina dala. Wakabaza wina anandinyamula ulere, uku akupukusa mutu, amvekere, "Limbani mtima achimwene, zimachitika."

Loweruka ndinangoona ankhoswe atulukira, a mbali zonse ziwiri, malume anga thukuta lili kamukamu, atayenda ulendo wa minibasi ndi kabaza. Mlamu wanga anatula pamphasa mtolo wa gondolosi, waukulu ngati wa nkhuni, ati wachokera kwa apongozi. Malume anakhosomola kaye.

"Mphwanga, matenda sabisa. Zinayamba liti?"

Ndinayang'ana mayi akunyumba kuti andiikire kumbuyo. Pajatu tili ndi ana atatu, wamng'onoyo mphuno ndi yangayi. Iwo maso pansi, ataluma nsonga ya chitenje, mapewa akugwedezeka. Apo m'pamene ndinadziwa amene anakaitula nkhaniyi pamjigo.

Lolemba tambala asanalire kachiwiri ndinali kale m'matope. Ndinawokera ndime ziwiri ndekha, ndikuimba mluzu kuti odutsa onse aone. Apongozi anaima patali pamzere, monga mwa ulemu wake, n'kuuza mwana wawo mokweza kuti mitsitsi ija ndi yamphamvu, ndisasiye kutafuna, Lachitatu akakumbanso ina.

Malume akufunabe ndalama yawo ya thiransipoti.