Sabata imene ndinaphunzitsa za "achamba" a ku Alamut

Lolemba m'mawa ndinalowa m'kalasi nditanyamula mapu amene ndinajambula ndekha papepala lalikulu, poti pulojekita ya dipatimenti yathu inafa kalekale ndipo zoti idzakonzedwa tinasiya kuziwerengera. Ndimaphunzitsa mbiri yakale pa koleji ina kuno kum'mwera. Teremu ino ine ndi ophunzira a chaka chachiwiri, oposa 80, tili pa nthawi ya Nkhondo za Mtanda, zimene Akhristu a ku Ulaya ankamenyana ndi Asilamu polimbirana Jerusalem, ndipo sabata imeneyi inali ya kagulu kamene Azungu anakatcha Assassins.

Ndinalemba dzinalo pabolodi n'kufunsa kuti m'Chichewa tingati chiyani. Wina anati wakupha, wina chigawenga. Mtsikana wina wa kutsogolo anati ndi munthu wopha mtsogoleri mwachiwembu, ndipo ndinamuvomera. Ndisanapitirize, mnyamata wina kumbuyo anakweza dzanja. "Aphunzitsi, si aja Asilamu osuta chamba aja? Ndiye kuti zophanazi anayambitsa ndi iwowo." Anaziona m'gemu ya pakompyuta ndi pa YouTube. Ena anaseka. Koma m'kalasi mwangamu muli ana ambiri a ku Mangochi ndi ku Machinga, ndipo ndinaona mmodzi wa iwo akutseka kope lake pang'onopang'ono, n'kuika bolopeni pamwamba, n'kupinda manja. Notsi zimene ndinachezera kukonza Loweruka zinathera pomwepo.

Lachiwiri ndinayambira kutali mwadala. Ndinafunsa ngati alipo amene akukumbukira Ehudi wamanzere uja, amene anabaya Egiloni mfumu ya Moabu ali okha m'chipinda. Ana a Sande sukulu anayankha okha kuti ndi Oweruza mutu 3. Kenaka Philip wa ku Macedonia, bambo ake a Alexander, amene anaphedwa ndi msilikali womulondera paphwando la ukwati wa mwana wake wamkazi m'chaka cha 336 Yesu asanabadwe. Julius Caesar pa 15 Malichi m'chaka cha 44 Yesu asanabadwe. A Sicarii, Ayuda amene ankabisa mipeni m'zovala n'kumabaya anthu ogwirizana ndi Aroma pakati pa chikhamu mu Jerusalem. Ndinamalizira pa Ali ibn Abi Talib, mkamwini wa Mneneri Muhammad, amene anatemedwa ndi lupanga mumzikiti wa ku Kufa mu 661. Zonsezi zinachitika Alamut, linga la kagulu kaja, asanamveke n'komwe. Kope lija linatsekulidwanso, koma mwini wake sanandiyang'ane.

Lachitatu ndi tsiku limene ndimalikonda pa mutu umenewu, ndipo magetsi anazima kuyambira m'mawa, choncho panalibe fotokope. Ndinangoima pa mapu anga aja ndi choko.

Alamut ndi linga lomangidwa pathanthwe lalitali m'mapiri a Alborz, kumpoto kwa Iran, kufupi ndi mzinda wa Qazvin. Hasan-i Sabbah analitenga mu 1090, osati ndi nkhondo ayi, koma anayamba watembenuza anthu a m'kati mwake mmodzimmodzi mpaka mwini lingalo anangozindikira kuti alendo ndi amene akulamula. Hasan anali wa gulu la Ismaili, nthambi ina ya Chishia. Dera lonselo linali m'manja mwa mafumu a Seljuk, Aturuki a Chisunni, okhala ndi asilikali osawerengeka. Mu 1094, khalifa al-Mustansir wa ku Cairo, mfumu komanso mtsogoleri wa Aismaili, atamwalira, Aismaili anagawanika pa nkhani ya wolowa m'malo: nduna yaikulu al-Afdal inaika al-Musta'li pampando, kusiya mkulu wake Nizar. Hasan anatsatira Nizar, n'chifukwa chake dzina lawo lenileni ndi Anizari. Apa ndimawauza ana kuti amene anaonapo mkangano wa ufumu kumudzi kwawo, mbumba ikugawanika pawiri, nkhaniyi saivutikira.

Tsono taganizirani kagulu kochepa, kodedwa ndi Asunni, kosiyana ndi abale ake a ku Cairo, kopanda gulu lankhondo loti n'kuima nalo pabwalo. Njira imene kanasankha ndi ya mpeni. Munthu mmodzi kapena awiri, otchedwa fida'i, kutanthauza wodzipereka, ankakhala miyezi pafupi ndi amene akumufunayo, ngati wantchito kapena wopempha, mpaka tsiku lokwanira. Ankabaya poyera, anthu akuona, ndipo ambiri ankafera pomwepo. Woyamba wotchuka anali Nizam al-Mulk, nduna yaikulu ya Aseljuk, amene anamanga masukulu a Nizamiyya. Mu Okutobala 1092, ali paulendo kufupi ndi Nahavand, munthu wovala ngati Msufi, Msilamu wodzipatulira kupemphera, anamuyandikira ngati akupereka dandaulo, n'kumubaya. Sultan Malik Shah naye anamwalira patangotha pafupifupi mwezi umodzi, ndipo akatswiri ena amakayikira kuti kunyumba yachifumu komweko kunali ena amene imfa ya ndunayo inawakomera.

Mndandanda wa amene anawabaya ndi wautali ndithu. Khalifa al-Amir wa ku Cairo mu 1130, khalifa al-Mustarshid wa ku Baghdad mu 1135. Ku Syria, kumene mtsogoleri wawo Rashid al-Din Sinan ankakhala m'linga la Masyaf, anayesa kawiri kupha Saladin, mfumu ya Chisilamu ya Egypt ndi Syria, kachiwiriko mu 1176, ndipo anapulumukira zovala zankhondo zimene anavala. Azungu anawadziwa bwino pa 28 Epulo 1192, pamene Conrad wa ku Montferrat, atangosankhidwa kukhala mfumu ya Jerusalem, anabayidwa mumsewu ku Tyre ndi anthu awiri. Ndinawauza ana kuti awerenge okha mainawo. Ambiri mwa ophedwawo anali Asilamu anzawo. Sindinafune kuwayeretsa anthu amenewa. Kupha ankaphadi, ndipo nthawi zambiri amene ankalipira anali Aismaili wamba a m'mizinda, amene ankaphedwa mwaunyinji pobwezera.

Lachinayi ndinabwerera ku chamba chija. Ndinafunsa kuti kuno kwathu munthu akanenedwa kuti "ameneyo ndi wachamba", kodi woneneyo amakhala atamuona akusuta? Kalasi yonse inati ayi. Ndi kutukwana chabe, kunena kuti munthuyo mutu wake sukoka, ndi wachabechabe, zonena zake musazimvere. Ndiye mmene zinalilinso ndi liwu la Chiarabu lakuti hashishi, kutanthauza wachamba. Limapezeka m'chikalata chimene a ku Cairo analemba m'masiku a khalifa al-Amir ponyoza Anizari, popanda kunena kuti ankasuta kanthu. Ankhondo a Mtanda analitola ku Syria osalimvetsa, linasinthasintha pakamwa pawo mpaka kukhala assassin. Nthano ya munda wokongola wa anamwali ndi mitsinje ya mkaka ndi uchi, kumene anyamata ankagonekedwa ndi mankhwala kuti aziyesa ali ku paradizo, inafalitsidwa kwambiri ndi Marco Polo, amene anadutsa ku Iran Alamut atagwa kale. Hasan mwiniwake amanenedwa kuti anapha mwana wake chifukwa chomwa vinyo. Munthu wotero n'kumagawa chamba?

Chimene chimandiwawa ine monga mphunzitsi wa mbiri yakale ndi laibulale. Mu 1256 a Mongol a Hulagu atazinga, mtsogoleri Rukn al-Din Khurshah anagonja, ndipo Alamut anaperekedwa. Mlembi wa a Mongol, Juvayni, analoledwa kulowa m'laibulale ya lingalo. Anasankha ma Quran ndi mabuku ena amene iye anawaona abwino, anawerengako zolemba za Anizari kuti alembepo mbiri yake, zotsalazo n'kuziotcha. Ndiye kuti zambiri zimene dziko linamva za anthuwa kwa zaka mazana zinachokera kwa adani awo.

Madzulo a tsikulo mnyamata wa kope uja anagogoda ku ofesi. Sanakhale pansi mpaka nditamuuza kawiri. "Aphunzitsi, kodi anthu amenewa anatheratu?" Ndinamuuza kuti ayi. Malinga a ku Syria analandidwa ndi Baybars, mfumu ya ku Egypt, pofika 1273, koma anthuwo anapitirira, ndipo lero Anizari ndi amene amatsogoleredwa ndi Aga Khan, amene dzina lake lili pa chipatala chachikulu chija cha ku Nairobi. Aga Khan wachinayi anamwalira ku Lisbon mu Febuluwale 2025, ndipo mwana wake Rahim ndi amene analowa. Anaseka pang'ono, nati kumzikiti kwawo sanamvepo zimenezi, iwo ndi Asunni. Anabwereka buku langa limodzi lokhalo la mutuwu. Ndinamulembetsa dzina, poti mabuku anga atatu anapita choncho chaka chatha.

Lachisanu ndinafuna kungobwereza ndi kupereka asainimenti, koma mtsikana wa kutsogolo uja anafunsa ngati kuno kwathu zoterezi zinachitikapo. Sindikanazemba. Mu Meyi 1983 nduna zitatu, Dick Matenje, Aaron Gadama ndi Twaibu Sangala, pamodzi ndi phungu David Chiwanga, anapezeka atafa ku Thambani m'boma la Mwanza. Boma linati ndi ngozi ya galimoto. Bungwe lofufuza limene linakhazikitsidwa mu 1994, lotsogoleredwa ndi Justice Michael Mtegha, linapeza kuti anachita kuphedwa ndi apolisi. Dr Banda ndi John Tembo anazengedwa mlandu, ndipo khoti linawapeza osalakwa mu Disembala 1995. Ndinawaonetsa kusiyana kwake: a fida'i anali anthu opanda mphamvu obaya amphamvu poyera, pamene ku Mwanza ogwira ntchito za boma anapha mobisa, nkhani ya ngozi n'kukhala zaka zoposa 10 isanatsutsidwe poyera. Asainimenti inali yoti asankhe imfa imodzi ya mtsogoleri, afufuze kuti woyamba kuilemba anali ndani ndipo anali mbali iti.

Belu litalira, amene anatsalira anali mnyamata wa kumbuyo uja, wa funso la Lolemba. Anati agogo ake a ku Neno amaikamba nkhani ya ku Thambani mosiyana ndi mmene ndaikambira ine, ndiye amafuna alembe zimenezo. Ndinamuuza kuti akawajambule mawu pafoni ngati avomera, koma akapezenso nyuzipepala za Meyi 1983 ku National Archives ku Zomba, aziike pambali pa mawu a agogowo. Anafunsa ngati koleji ipereka ya thiransipoti. Ndinamulozera pulojekita ija pakona.