Magemu 22 amene John Stockton anajomba

Pa nambala zonse za basketball zimene ndimasunga m'mutu, imene ndimaitchula kawirikawiri ndi 22. John Stockton anasewera masizoni 19 mu NBA, ligi yaikulu ya basketball ya ku America, onse ku Utah Jazz, kuyambira 1984 mpaka 2003. Analowa m'bwalo magemu 1,504, ndipo amene anajomba pa zaka zonsezo ndi 22 okha. Kwa inu amene simutsatira ligi ya ku America, sizoni imodzi imakhala ndi magemu 82 m'miyezi isanu ndi umodzi, osawerengera ndime ya ma playoff, yomwe matimu ochita bwino amachotsana polimbirana chikho. Timu imasewera katatu kapena kanayi pa sabata, nthawi zina masiku awiri otsatizana m'mizinda yosiyana. Usiku mwasewera, pakati pa usiku muli m'ndege, kukagona kuli m'bandakucha, madzulo muli m'bwalo lina. Stockton anali wamtali mamita 1.85 basi, ndipo ntchito yake ina inali yoima kutsogolo kwa zimphona kuti mnzake apeze mpata woponya. Ankagundidwa tsiku ndi tsiku, koma m'mawa mwake ankapezeka.

Mnzake wa ku Utah komweko, Karl Malone, pa masizoni 18 anajomba magemu 10, ndipo ena mwa iwo sikunali kuvulala, anali atamuimitsa chifukwa cha chigongono chake. Ndiye pali A.C. Green, amene anasewera magemu 1,192 otsatizana osadumpha ngakhale imodzi, kuyambira November 1986 mpaka April 2001. Mu 1996 anamenyedwa chigongono pakamwa mpaka mano awiri kuguluka, koma gemu yotsatira analipo.

Mayina amenewa ndimawakonda, ndipo ndimawatchula ndikamaphunzitsa ana mpira Loweruka ndi Lamlungu kuno ku Mzuzu. Chimene chimandidetsa nkhawa ndi phunziro limene achinyamata, ngakhalenso makochi anzanga, amatolapo. Akamva za Green ndi mano ake, amati mwamuna weniweni sakhala pa benchi. Kumanga bandeji, kuluma mano, kulowa. Ine ndikawerenga bwino mbiri ya anthu amene anakhalitsa m'masewerawa sindipeza zimenezo.

Tiyeni tiwaunike magemu 22 aja. Anayi anali a sizoni ya 1989-90. Otsala 18 onse anabwera pakamodzi, kumayambiriro kwa sizoni ya 1997-98, Stockton ali ndi zaka 35. Bondo linamuvuta sizoni isanayambe, anavomera opaleshoni, nakhala pansi mpaka December. Musaiwale kuti timu yake inali itangogonja kwa Chicago Bulls mu fainolo ya 1997, ndipo aliyense ku Utah ankaona kuti mwayi wa chikho ukutha ndi ukalamba wa Stockton ndi Malone. Zifukwa zothamangira kubwerera zinalipo zambiri. Sanathamange. Atabwerera anasewera magemu 64 onse otsala, timu inafikanso mu fainolo, ndipo kuchokera apo sanajombenso gemu ina iliyonse kwa masizoni asanu, mpaka anapuma ali ndi zaka 41. Pali chinanso chimene anthu sachitchula. Asanachitidwe opaleshoni ankasewera mphindi pafupifupi 35 pa gemu. Atabwerera, kochi wake Jerry Sloan anamuchepetsera kufika cha m'ma 29, ndipo Stockton analola. Kwa ine kulimba kwa munthuyu kuli pamenepo: anadziwa kusiyanitsa ululu wamba wa masewera ndi kuvulala kwenikweni, ndipo anali ndi kochi womuteteza.

Nkhani ya Grant Hill ndi imene imandiwawa kwambiri. M'zaka zake za ku Detroit Pistons anthu ankamuona ngati wolowa m'malo mwa Michael Jordan. Kumapeto kwa sizoni ya 1999-2000 kakolo wake anali akumuvuta, koma anasewerabe mu ma playoff, mpaka kukapezeka kuti fupa lathyoka. Anasamukira ku Orlando Magic chaka chomwecho. Sizoni yoyamba anasewera magemu 4, yachiwiri 14, yachitatu 29, yachinayi sanasewere nkomwe. Magemu 47 pa zaka zinayi, zaka zimene wosewera amakhala pachimake. Opaleshoni inkatsatana ndi inzake, ndipo ina inamubweretsera matenda a pabala amene anatsala pang'ono kumutenga. Chodabwitsa n'chakuti munthu yemweyu, atapita ku Phoenix Suns komwe ankamusamalira mwadongosolo, anasewera magemu 82 onse mu 2008-09 ali ndi zaka 36, ndipo anapuma ali ndi zaka 40. Thupi lake silinali lofooka. Linangokakamizidwa pa nthawi yolakwika.

Kevin Durant naye, mu 2019, anavulala katumba, anakhala kunja mwezi wathunthu, nabwerera pa gemu yachisanu ya fainolo timu yake ya Golden State ili pampanipani. Anasewera mphindi 12, mtsempha wa Achilles, uja wa kuseri kwa chidendene, unaduka, ndipo sizoni yonse yotsatira inamudutsa.

Ya Kobe Bryant ndiye imayenda kwambiri pa WhatsApp. Pa 12 April 2013 Achilles inaduka, iye anadzuka, anaponya ma free throw awiri, mipira ija umaponya wopanda wokutchinga ukachitiridwa faulo, onse kulowa, kenako n'kutuluka m'bwalo akuyenda yekha. Nanenso ndikaionera tsitsi limanyerenyetsa. Koma kanemayo sakuonetsani kuti masiku awiri m'mbuyo mwake, ku Portland, munthu wa zaka 34 yu anasewera mphindi 48 zonse osapumulako, ndipo masabata amenewo ankasewera motero pofuna kukokera timu yake ya Lakers mu ma playoff. Pa masizoni atatu amene anamutsalira anasewera magemu 6, kenako 35, kenako 66. Mtima wa Kobe ndimaulemekeza, koma ndikanakhala kochi wake ndikanamukhazika pansi ngakhale akwiye.

Palinso gulu lina limene ndimakana kuti lizinyozedwa: anthu amene thupi linawakana popanda kulakwa kwawo. Yao Ming, wamtali mamita 2.29, anasewera magemu 486 okha mu NBA, mafupa a phazi atalephera kusenza thupi lakelo. Greg Oden anasankhidwa woyamba pa chisankho cha osewera atsopano olowa mu NBA mu 2007, patsogolo pa Durant, koma mawondo anamulola magemu 105 okha mu ligiyi moyo wake wonse. Derrick Rose anakhala MVP, wosewera wopambana onse pa sizoni, ali ndi zaka 22 mu 2011, chaka chotsatira anatera molakwika kamodzi kokha, mtsempha wa m'bondo unaduka, ndipo Rose wakale uja sanabwererenso. Mnzathu wa ku Cameroon, Joel Embiid, anasankhidwa mu 2014 n'kukhala masizoni awiri athunthu osasewera chifukwa cha fupa la phazi. Pa malo oonerera mpira mumamva anthu akuti ameneyo ndi wamagalasi, ndi waulesi. Waulesi angapirire zaka ziwiri za ndodo ndi mafizo n'kudzakhala MVP mu 2023? Stockton ankasewera pansi, sankauluka. Rose ankathamanga, kukhota mwadzidzidzi ndi kutera ndi mwendo umodzi. Kaseweredwe, msinkhu, kaumbidwe ka mafupa ndi mwayi, zonsezi zimalowa m'nambala ya magemu amene munthu wajomba.

Ndipo kukhalitsa si chimodzimodzi ndi kusajomba. LeBron James analowa mu ligi mu 2003, ndipo pa 7 February 2023 anadutsa mapointi 38,387 a Kareem Abdul-Jabbar, amene anali ochuluka koposa m'mbiri ya ligiyi. Koma sizoni imene anasewera magemu 82 onse ndi imodzi yokha, ya 2017-18. Atavulala m'mphechepeche pa Khirisimasi ya 2018 anakhala pansi magemu 17 otsatizana. Jordan yemwe anathyoka phazi mu sizoni yake yachiwiri n'kuphonya magemu 64, koma ali ndi zaka 40 anasewera 82 onse ku Washington.

Za kupumitsa osewera amene sanavulale, zija amati load management, mtima wanga uli pawiri. Magemu a NBA kuno amayamba cha m'ma 2 kapena 3 koloko usiku. Kugula bandulo, kutchera alamu, kudzuka m'chisanu cha Mzuzu utafunda bulangete, n'kupeza wosewera amene wamudzukira wakhala pa benchi atavala juzi yakunyumba, zimapweteka. Mu 2012 ligi inalipiritsa San Antonio Spurs madola 250,000 kochi Gregg Popovich atatumiza kunyumba Tim Duncan, Tony Parker, Manu Ginobili ndi Danny Green m'malo mowaseweretsa ku Miami. Komatu akuluakulu omwewo anatenga chikho mu 2014, ndipo Duncan anasewera mpaka zaka 40. Kuyambira sizoni ya 2023-24 pali lamulo loti wofuna mphoto zikuluzikulu monga ya MVP asewere magemu osachepera 65. Cholinga chake ndikuchimvetsa. Mantha anga ndi akuti wina wovulala zenizeni adzalowa m'bwalo nthawi isanakwane pofuna kukwanitsa nambala.

Onse ndatchulawa amasewera pa matabwa ofewa, ali ndi madokotala, makina ojambula mkati mwa bondo, nsapato zatsopano, ndi malipiro amene amabwerabe ngakhale ali pa ndodo. Ife timasewera pa simenti. Pena pali ming'alu, ndipo June ndi July mvula yamawawa ikawaza m'mawa, m'makona mumachita ndere. Nsapato zambiri ndi za pakaunjika, zokongola pamwamba koma pansi zitatha kale. Mwana amayenda wapansi kuchokera ku Mchengautuwa kapena ku Zolozolo, kusewera maola awiri, kubwereranso wapansi, mwina atangomwa tiyi m'mawa. Ndipo bondo likawonongeka kuno silithetsa mpira wokha. Anyamata ena amene ndinasewera nawo amapalasa kabaza, ena amanyamula katundu mumsika, ndipo ndikudziwa mmodzi amene kukazizira amatsika masitepe cham'mbali chifukwa cha bondo limene analimanga bandeji n'kuseweranso sabata yomweyo tili anyamata.

Mwezi wathawu mtsikana wina wa Fomu 3 amene ndimamuphunzitsa anadumphira mpira, n'kutera paphazi la mnzake. Phazi linapindikira kunja. Anadzuka msanga, kudzikuntha fumbi, n'kumanga zingwe za nsapato mwamphamvu kuti ndisaone.

"Ndili bwinobwino a kochi, ndangobinya pang'ono."

"Yenda ubwere kuno."

Anaponda kawiri, kachitatu anagwira phewa la mnzake. Nditamuvula nsapato, kakolo anali atayamba kale kutupa, ndipo nditadina kuseri kwa fupa lakunja lija anakuwa. Zizindikiro ziwiri zimenezi kochi aliyense azidziwe: munthu akalephera kuponda pansi kanayi poyenda, kapena akamva kuwawa pafupa penipeni osati pamnofu pokha, ameneyo ndi wa X-ray, osati wa bandeji. Tinagula mafirizi oundana kwa mayi wogulitsa pafupi, kuwakulunga m'malaya, kuika pakakolo mwendo uli m'mwamba, kenako kumukweza njinga yamoto kupita kuchipatala. Mwamwayi fupa linali lisanathyoke.

Ntchito yaikulu inali madzulo ake kunyumba kwawo. Mayi ake anali atateleka kale madzi oti amuthowe.

"Mayi, pepani, madzi otenthawo adikire kaye. Masiku awiri kapena atatu oyambawa kuthowa ndi kusisita kumawonjezera kutupa. Muziika chozizira, mwendo ukhale pa pilo."

"Koma aphunzitsi, ife tinakula tikuthowedwa, tinachira."

Sindinawatsutse, chifukwa n'zoona kuti ambiri tinakula choncho. Ndinangowaonetsa kakolo wanga wakumanja, amene mpaka lero amapindika ndikangoponda kamwala. Kakolo amene wabinya kamodzi savuta kubinyanso, makamaka munthu akabwerera m'bwalo mitsempha isanagwirane. Anandimvetsa, ndipo madzi aja anapangira tiyi.

Mtsikanayo analira nditamuuza kuti mpikisano wa sukulu umene unali pafupi sasewera. Ndi iye amene amayendetsa timu, ndipo popanda iye anzake anagonja. Makolo ena anandifunsa chifukwa chake ndinamusiya panja pomwe ankayenda bwinobwino. Kuyenda ndi kwina, kudumpha n'kutera pa simenti ndi mwendo umodzi ndi kwinanso. Ndinamufotokozera za magemu 18 a Stockton ndi magemu 47 a Grant Hill, ndipo ndikuganiza kuti ya Hill ndi imene inamulowa, chifukwa anandifunsa kawiri ngati zinalidi zaka zinayi.

Panopa amabwerabe ku maphunziro. Amaponya mpira ataima malo amodzi, amaima ndi mwendo wovulalawo wokha atatsinzina kuti kakolo aphunzirenso kudzigwira, ndipo amakwera ndi kutsika ndi zala pa sitepe. Ndinagula kope la masamba 40 limene ndikulembamo mwana aliyense akavulala: tsiku, malo amene wavulala, nsapato imene anavala, ndiponso ngati bwalo linali lonyowa. Ndikufuna makochi anzanga a ku Katoto, ku Luwinga ndi ku Chibavi tiyambe kuchita chimodzimodzi, kuti pakutha pa chaka tikhale pansi tione chimene chikutithera ana. Mtsikana uja Loweruka likubwerali ayamba kuthamanga molunjika, osakhota. Akadzadumpha ndi mwendo umodzi kakhumi osamva kuwawa, m'mawa mwake osatupa, ndidzamubwezera m'timu.