Loweruka ku Ngabu, neti yathu ndi nkhani ya Tunisia

Lero tinagwirizana kuti tiyambe 6 koloko m'mawa chifukwa kuno ku Ngabu ikangokwana 9 nthaka imawotcha mapazi, ndipo anyamata anga ambiri amasewera opanda nsapato. Ndafika pagalaundi ndapeza amanga kale neti ya volleyball, mapolo athu aja a bulugama apendekeka pang'ono koma akugwirabe ntchito. Tasewera maseti angapo, a Fomu 4 apambana monga mwa masiku onse, koma a Fomu 2 andisangalatsa, ayamba kulandira seva, mpira woyambitsa masewero, ndi mikono yowongoka bwino osati kungoumenya mpira kuti upite kulikonse.

Tikupuma pansi pa mtengo wa nimu, mnyamata wina wamtali wa Fomu 3 amene amasipaika (kumenya mpira mwamphamvu pamwamba pa neti) ndi dzanja lamanzere wandifunsa kuti, "Aphunzitsi, kodi ku Africa kuno iliko timu ya dziko yomwe imasewera volleyball yeniyeni ngati ija timaonera pafoni, kapena ndi za azungu basi?" Funso limeneli landigwira mtima tsiku lonse, chifukwa mwana ameneyu amadziwa mayina a osewera onse a Flames, a Arsenal, a Bullets ndi a Noma, koma masewero amene iye mwini amawadziwa bwino sakudziwa ngakhale timu imodzi ya dziko yomwe angaiyang'anire.

Ndawauza za Tunisia.

Mpikisano wa matimu a amuna a mayiko a mu Africa unayamba mu 1967 ku Tunis ndipo eni bwalo ndi omwe anatenga chikho. Kuyambira pamenepo Tunisia yatenga chikhochi ka 11, palibe dziko lina lafikapo. Otsatira ndi Egypt, ka 9, kenako Cameroon kawiri ndi Algeria kawiri, basi mayiko anayi okha pa zaka zonsezi, ife a kummwera kuno palibe ndi mmodzi yemwe. Anyamata anangoti kakasi, wina n'kuti nanga South Africa ndi ndalama zonse zija? Ayi ndithu, sanatengepo.

Koma chomwe ine chimandikoka pa timu imeneyi si 11 yo ayi, ndi zomwe zinachitika pakati apa. Atatenga chikho mu 2003, Egypt inawatsekera chitseko, inapambana 2005, 2007, 2009, 2011, 2013 mpaka 2015, kasanu ndi kamodzi motsatizana. Zaka 14 Tunisia ikungoonerera anzawo akunyamula chikho, koma timu sinathe, ligi yawo sinaime, ana sanasiye kuphunzitsidwa, ndiye mu 2017 anapita ku Cairo komweko kukaigonjetsa Egypt mufainolo pakhomo pawo pomwe. Kochi wawo nthawi imeneyo anali Antonio Giacobbe wa ku Italy. 2019 anateteza chikho ku Tunis, 2021 anakachitenganso ku Kigali atagonjetsa Cameroon. 2023 Egypt inachilandanso ku Cairo, ndiye mpungwepungwe wa awiriwa ukupitirirabe.

Cha m'ma 10 tinabalalika chifukwa dzuwa linali litakula, ine ndinakwera kabaza kupita kumsika kukagula bandulo ndi mlamba wouma wa ndiwo. Mitengo yakweranso abale, koma imeneyo ndi nkhani ya tsiku lina.

Masana atatu mwa anyamata aja anabwera kunyumba, amayi akunyumba anawapatsa thobwa, tinakhala pakhonde n'kumaonera tizidutswa ta magemu pa YouTube, netiweki ikudukaduka. Apa ndi pomwe nkhani inavuta, chifukwa wamanzere uja ataona Tunisia ikusewera ku Olympics ya ku Tokyo anati, "Aphunzitsi, komatu akuluza awa, si omwe munati ndi akatswiri aja?" Zoona, anagonja magemu onse asanu a mugulu. Sindinafune kumubisira. Tunisia yapita ku Olympics ka 7, 1972, 1984, 1988, 1996, 2004, 2012 ndi ya ku Tokyo yomwe inaseweredwa mu 2021, ndipo mendulo sanainunkhepo. Koma ndinamuuza kuti ayang'ane gulu lomwe anali. Munali France yomwe inatenga golide, Russia yomwe inatenga siliva, Argentina yomwe inatenga mendulo yachitatu, Brazil yomwe inathera pa nambala 4, kuwonjezera apo USA. Matimu onse anayi omwe anafika musemifainolo anachokera mugulu limenelo! Ndipo Argentina yomweyo Tunisia inaitsogolera maseti awiri kwa ziro isanagonje 3-2. Ine gemu imeneyo ndikaikumbukira mtima umandipwetekabe, anatsala pang'onong'ono.

Kusiyana kumaonekera poyera ukamaonera modekha. Si kudumpha ayi, anyamata a Tunisia amadumpha, amasipaika mwamphamvu ngati wina aliyense. Nkhani ili pa seva ndi kulandira. A France kapena a Brazil amaseva mpira wothamanga moti wolandira akangophonya pang'ono setala, wokonzera anzake mpira woti asipaike, amayenera kuthamangira kutali ndi neti, ndiye mpira womwe angapereke ndi umodzi wokha, wautali wa kumbali, ndipo obuloka, otchinga mpira paneti, awiri kapena atatu amakhala afika kale akudikira. Pointi yapita. Zikachitika katatu kanayi pa seti ya mapointi 25 ndiye kuti seti yatha. Ndipo munthu sungaphunzire kulandira seva yotere ngati chaka chonse ukusewera ndi anthu omwe saseva choncho, n'chifukwa chake matimu a ku Ulaya omwe amakumana okhaokha sabata ndi sabata amakhala patsogolo. Osewera ngati Wassim Ben Tara amene anakafika ku Perugia ku Italy amaonetsa kuti luso lilipo, chosowa ndi magemu olimba ochuluka.

Ndinawaonetsanso za mu Seputembala 2025, mpikisano wa dziko lonse ku Philippines wa matimu 32. Gemu yotsegulira inali ya eni bwalo ndi Tunisia, holo yodzaza ndi anthu ochemerera timu yakwawo, Tunisia inawakwapula 3-0. Inagonjetsanso Egypt mugulu lomwelo n'kulowa mundime ya matimu 16, komwe inatulutsidwa ndi Czechia. Chikho chinapita ku Italy. Apa ndiye nkhope za anyamata zinawala, wina mpaka anaimirira kuyeserera mmene libero wawo, katswiri wolandira mipira kumbuyo, amagwera pansi kutola mpira, thobwa pang'ono atayire pamkeka.

Madzulo kunabwera alamu anga ochokera ku Nchalo, munthu wa mpira wamiyendo weniweni. Atamva nkhaniyi anati, "Alamu, inu mukuwataitsa nthawi anawa, Tunisia ndi dziko la ndalama, ali ndi maholo, ife tili ndi fumbi." Sindinawatsutse pa za maholozo, n'zoona. Koma ndinawakumbutsa kuti Espérance ndi Étoile du Sahel zomwe amazidziwa pa mpira wamiyendo zija, ndi CS Sfaxien, zonse za ku Tunisia, zili ndi matimu a volleyball pansi pa dzina lomwelo, chimodzimodzi Al Ahly ndi Zamalek ku Egypt. Mwana amalowa kalabu ali wamng'ono, amakula akuvala yunifomu yomwe bambo ake amaichemerera, akafika zaka 19 wasewera kale magemu osawerengeka. Timu ya dziko imangokolola m'munda womwe makalabu analima kalekale. Ndipo Tunisia ili ndi anthu pafupifupi 12 miliyoni, ochepa kuposa ife a Malawi, ndiye nkhani si kuchuluka kwa anthu.

Kuno kwathu volleyball ilipo, tisanamizane. Volleyball Association of Malawi ilipo, matimu a asilikali ngati Moyale ndi Kamuzu Barracks amasewera bwino, mpikisano wa Raiply ku Mzuzu okonda masewerowa amaudziwa. Koma kuchoka ku Ngabu kukafika ku Mzuzu ndi ulendo wa ndalama zomwe sukulu ngati yathu singazipeze, ngakhale kungokwera mapiri a ku Thabwa kukafika ku Blantyre ndi timu yonse ndi nkhani yoyamba yakambidwa kumsonkhano wa makolo. Ndiye ana aatali omwe ali mbwee kuno ku Chikwawa ndi ku Nsanje amakula, amamaliza Fomu 4, ena amakadula nzimbe ena amakapalasa kabaza, popanda munthu ndi mmodzi yemwe wodziwa masewerowa amene anawaonapo akudumpha. Chimandiwawa n'chimenechi. Mpira wabwino tili nawo umodzi, unzake unapita ndi madzi a Freddy mu 2023 limodzi ndi mabuku a m'kabati.

Alamu anangopukusa mutu n'kunena kuti iwo akanakhala ine akanawauza anawo za Egypt, poti ndi yomwe inapita ku Paris mu 2024. Ndinati eya inapita, koma nayonso inagonja magemu onse atatu kwa Poland, Italy ndi Brazil, vuto ndi lomwe lija. Tinakangana mpaka nsima inapsa, sitinagwirizane, iwo akuti ndiyambe ndapeza nsapato za anawo ndisanayambe kuwalotetsa za Tunis. Pa nsapatopo akunena zoona ndipo ndaziika pamndandanda.

Ndisanagone ndalemba zoti ndikachite sabata ikubwerayi. Lolemba ndikawaona a hedi za mapolo atsopano, chifukwa ndayeza ndi tepi ya a kalipentala oyandikana nafe ndapeza kuti neti yathu pakati imatsika kwambiri, pamene ya amuna imayenera kukhala mamita 2.43, ndiye anyamata akuzolowera kusipaika pa neti yaifupi ndipo akadzapita kwina adzadabwa. Bwalo nalo tiliyezenso likwane 18 kwa 9, mizere tithire phulusa. Lachitatu palibe kusipaika, ola lonse ndi kuseva ndi kulandira basi, adandaula ndikudziwa koma achita. Ndalemberanso mnzanga wophunzitsa ku Bangula pa WhatsApp kuti tikonze gemu ya masukulu athu mwezi wa mawa, wayankha kuti iye ali ndi anyamata okwana, nkhani yatsala ndi ya thiransipoti.