Zikomo nonse amene munapulumutsa mapu a agogo

Abale anga, chiliza cha agogo athu aamuna tavumbulutsa Loweruka lapitali kwathu ku Migowi ndipo zonse zayenda bwino, ndiye ndati ndithokoze pompano chifukwa kuimbira foni aliyense payekha mayunitsi sangakwane.

Amene simunawadziwe, agogo ali mnyamata ankanyamula tcheni ndi mitengo ya anthu oyeza malo, nthawi ya atsamunda ufulu wa 1964 usanabwere. Sukulu sanapite nayo patali koma mmenemo ndi mmene anaphunzirira kuti mapu amafuna muvi woloza kumpoto, sikelo pansi, mtsinje mzere wake, phiri mizere yake yozungulira. Atasiya ntchito anayamba kujambula malo amene ankawalota. Akadzuka m'mawa osasukusula n'komwe, bolopeni m'manja, pepala la thumba la simenti pa bondo, ndipo ukawalankhula nthawi imeneyo umakalipidwa kuti ukundithawitsira msewu. Anthu pamudzi ankati mutu suli bwino, ena mpaka ankanong'ona za ufiti, ife adzukulu tinkangoseka, koma taonani mapu aja tsopano.

Pali amodzi a nyanja ya Chilwa. Agogo anaiona itauma mu 1968 komanso mu 1995, anthu akuyenda pansi kupita ku Chisi, ndiye pa mapu awo pansi pa madzi pali tauni yonse, msika wa matemba, msewu wochokera pa Kachulu, ngakhale malo oimikapo njinga. Ena ndi a Sapitwa, analemba bwinobwino 3,002 mita ngati mapu aboma, koma pamwamba pake anawonjezerapo midzi ya mizimu ndi malo amene umapeza chakudya chophikaphika, pambali analemba kuti ukachipeza idya wekha usaitane mnzako. Ine amene amandikhudza ndi a Michesi. Madzi atagumuka mu Malichi 1991 n'kukokolola anthu ku Phalombe, agogo anajambula njira ya Napolo ndi inki yofiira kuchokera m'phiri kutsika, ndipo m'mbali mwake anaikamo nyumba za anzawo onse amene anapita, aliyense khomo lake ndi mtengo wake wa mango, kungoti anazisamutsira kumtunda kumene madzi safika. Ndiye wina azindiuza kuti imeneyo ndi misala?

Namondwe wa Freddy atabwera mu Malichi 2023 khoma la nyumba yawo linagwa, agogo tinawatulutsa atabebedwa, koma iwo kulira kwake kunali kwa sutikesi yachitsulo imene ankasungiramo mapu awo basi. Anyamata a kabaza a pasiteji, inu munabwerera m'matope ofika m'chiuno kukaifukula pamene ife eni ake tinali titataya mtima, Mulungu akudalitseni. Amayi a Mvano, munayanika pepala limodzilimodzi pa mikeka kuseri kwa tchalitchi, mukutsindira ndi timiyala, mvula ikangoti waa mukuthamanga nawo, pamene nanunso ufa wanu unali utanyowa. Aphunzitsi a jogalafe a kusekondale, munajambula onse pa foni n'kutiuza kuti tisawapange lamineti akadali achinyontho, tikanawaononga ndithu. Ena inki inasungunuka moti sawerengekanso, amenewo tangowasunga choncho.

Agogo anatisiya chaka chomwecho, ukalamba ndi chifuwa chimene anachitenga kumsasa. Amfumu ndi adzukulu a kumanda, zikomo potigwira dzanja pa maliro. Asuweni a ku Joni, ndalama ya simenti ndi matailosi inafika yonse. Amisiri amene mwamanga chiliza, tinakuvutitsani kuti muzokote kamuvi ka kumpoto pamwamba pa dzina, munadabwa koma mwakachita mwaluso, ndipo kakulozadi kumpoto, aphunzitsi aja anabwera ndi kampasi kudzatsimikiza kkkk.

Mapu ali kwa azakhali, mu mafayilo apulasitiki, ofuna kuona fikani masana, ana asukulu bwerani ndi aphunzitsi anu ndipo m'manja musambe kaye. Komanso agogo anali ndi chizolowezi chopatsa anthu mapu ngati malipiro, wometa tsitsi, wogulitsa fodya, kondakitala wa minibasi, aliyense. Ngati muli nawo kwanu musaope, sitikulandani, tikungofuna tiwajambule pa foni. Makamaka tikusaka a njanji yopita kumwezi kudzera pa Luchenza, amene amayi akuti anapatsidwa munthu wina wa ku Chiringa.