Mbiri ya moyo wanga, gawo 6: Kuchoka pa siteji kulowa pa kanema

Gawo lapita lija tinalekezera pa zisudzo za m'maholo. Ambiri a ife amene tinaphunzira ntchitoyi m'mipikisano ya zisudzo za m'masukulu a sekondale ya ATEM ndi poonera magulu a zisudzo a Wakhumbata ya Du Chisiza Jr kapena Kwathu ku French Cultural Centre ku Blantyre, wailesi ya kanema ya TVM pomatsegulidwa mu 1999 n'kuti tili ndi zizolowezi zimene kamera siifuna.

Pa siteji mawu amachokera m'mimba kuti akamveke mpaka ku mpando wakumbuyo. Pa kanema kamaikolofoni amakakoleka pachifuwa, chikhatho chimodzi kuchoka pachibwano, ndiye ukakuwa mawu amasweka, mbali imeneyo n'kuibwereza. Mkanda ukamakhudza maikolofoni umamveka ngati munthu akupeta mphale, choncho uvulidwe kapena upanidwe ndi tepi. Malaya a timizere ting'onoting'ono amanjenjemera pa sikirini, oyera mbee amadetsa nkhope.

Sewero silijambulidwa motsatira nkhani. Zonse zochitikira m'nyumba imodzi amazithera limodzi, za panja n'kudzajambula tsiku lina. Duku limene munamangira kumanja Lolemba likhale kumanja Lachinayi, chitenje chomwecho. Dzijambuleni pa foni musanavule.

Pamene pamavuta kwenikweni ndi pa mapulogalamu a magule. Ng'oma ya chikopa imalefuka kukazizira kapena kukachita chinyezi, ndipo mankhwala ake ndi kuiwamba pa moto wa udzu. Mu situdiyo moto suloledwa. Kolezani panja pafupi ndi khomo, wambani ng'oma za mbalule ndi mipanje, lowani, jambulani nyimbo imodzi kapena ziwiri, tulukaninso. Wojambula wofulumira amene amati tingomaliza zonse kamodzi amatuluka ndi nyimbo yomaliza ya ng'oma zolira mwaulesi, ovina nawo miyendo italemera. Maikolofoni ya oimba italikirane ndi ng'oma, apo ayi mawu a amayi amamira, woonera n'kumangomva kugunda kokha, chonsecho phunziro la chisamba lili m'mawuwo. Mukamajambulira kumudzi, wazani madzi pabwalo theka la ola musanayambe, ongokwanira kugoneka fumbi, ndipo dzuwa likhale kumbuyo kwa kamera.

Gule wamkulu ali ndi malamulo ake. Mumayambira kwa amfumu ndi akuluakulu a gule, ndipo iwo ndi amene amakulozerani poima. Kamera imathera pabwalo, kudambwe siipita. Wowulutsa amati chilombo chatuluka, sanena kuti munthu wavala. Lilime likaterereka pamenepo, mudzi umenewo mwautseka nokha, ndi anzanu obwera m'mbuyo omwe.

Za ndalama n'zachidule. Pa siteji mumagawana za pakhomo mukachotsa za holo, mapositala ndi minibasi. Pa kanema amalipira pa gawo lililonse, ndiye musanasaine onani ngati pangano likunenapo za kuonetsanso pulogalamuyo, poti imatha kubwerezedwa zaka inu osalandirapo kanthu. Gawo likubwerali tikamba za masewero a pa wailesi.